Nkhani ya Mwana wa Abiti Saidi

Okondedwa achemwali,

Landirani moni wochokera kuno ku Katuli. Tonse tili bwino, ndipo amayi chifuwa chija chawasiya.

Sabata ino ndachita manyazi. Abiti Saidi, mayi wothawa nkhondo ku Mozambiki amene tikukhala nawo, anandiitanira pambali alendo atachoka. N'kuti nditawafotokozeranso alendowo mmene mwana wa mayiwa anafera panjira. Anandiuza mofatsa kuti, "Mwandisunga, ndikuthokoza. Koma imfa ya mwana wanga si nkhani yocherezera alendo. Ndikafuna, ndidzanena ndekha."

Ine ndinkayesa ndikuwathandiza kuti anthu awamvere chisoni. Ndinasowa poyang'ana, ndinangopepesa. Iwo anandigwira dzanja, tinabwerera kukasenda chinangwa.

Mukabwera pa Idi, chonde musadzawafunse za mwanayo. Mudzangowapatsa moni ngati m'bale. Allah akusungeni.

Ndine mng'ono wanu,
Asiyatu