Makina a Fabiano Ogwira Nthawi

Amayi anga, kaya mwadzuka bwanji kumene muliko? Ife kuno ku Utale tiliko ndithu. Chimanga chaka chino chapserera ndi ng'amba, koma nandolo wabereka, ndipo mbuzi yanu yamawanga ija yaswa awiri. Mwana wanga Esinta wachira, ndi mwana wamkazi, tamutcha dzina lanu. Akamalira amakwinya pamphumi ngati mmene munkachitira inu mchere ukachepa m'ndiwo.

Koma chimene ndakhalira pansi kulemba ndi nkhani ya chitsirizira wanu, Fabiano. Kaya munamva, uthenga wa maliro anu unamupeza ali ku Joni, ndipo pofika kuno anapeza tayika kale. Sanalire. Anangopempha wotchi yanu yapakhoma ija, n'kukatsegula kashopu kokonza mawailesi ndi mafoni pa Ulongwe. Tonse tinati wakhazikika.

Mwezi wathawu mkazi wake anandiimbira foni. Akuti katundu wa anthu wangounjikana osakonzedwa, makasitomala akubwerera pakhomo, iye ali kuseri kulumikiza chinthu chosadziwika mutu wake. "Alamu, bwerani mudzalankhule nawo, ine ndatopa. Akapitiriza, nditenga ana ndibwerere kwathu ku Chiuta." Ndinakwera minibasi mawu okalipa ali kale pakamwa.

Fabiano ndinamupeza masana, thukuta lili kamukamu. Chinthucho, Amayi, ndi mpando wa galimoto yakufa wokulungidwa ndi mawaya, pansi batire, padenga sola, kutsogolo wotchi yanu ija ataichotsa galasi n'kuimangirira maginito a m'masipika mbali zonse.

Anandifotokozera mofatsa, ngati kale lija akamasula wailesi ya Abambo. Akuti kumene muli inuko si kutali iyayi, kuli ngati chipinda china cha nyumba yomweyi. Povuta ndi pakhomo pake. "Pamenepo nthawi imathamanga ngati mtsinje wa Rivirivi m'dzinja, achemwali. Munthu akalowa osaigwira, imamukokolola. Atha kutulukira ali khanda, kapena nkhalamba, mwinanso osatuluka n'komwe. Makinawa ntchito yake ndi kuidekhetsa kuti munthu awoloke bwino."

"Iwe Fabiano, ana ako adya mawaya?" ndinatero.

Iye anangondifunsa kuti, "Inuyo mukanati mupite, mukanasankha tsiku liti?"

Amayi, mawu onse ndinanyamula aja anandithawa. Ndinkayesa nditchula tsiku la ukwati wanga kapena Khirisimasi ina yake. Koma limene linabwera ndi tsiku wamba, tikuchokera kuchigayo, inu patsogolo thumba lili pamutu, mvula n'kutipeza panjira. Tinausa pansi pa mlambe, inu n'kundifunditsa chitenje chanu uku mukuseka kuti, "Mvula sinyowetsa mafupa." Ndinamuuza limenelo. Iye anati alibe zosankha zambiri, akungofuna afike tsiku munkatsirizika lija, akugwireni dzanja basi.

Ndinakhala pampandopo, ine munthu wamkulu wokhala ndi mdzukulu. Analumikiza mawaya. Kababu kanayaka, china chake chinayamba kulira ngati njuchi, mivi ya wotchi inanjenjemera, kenako n'kuima. Ndikuuzeni zoona, ndinatsinzina, ndipo ndinatchera khutu kuti mwina ndimva kutsokomola kwanu. Chimene chinabwera ndi fungo la waya wopsa, ndi mawu a kondakitala kumsewu akukuwa kuti Liwonde, Liwonde.

Nditatsegula maso ndinapeza Fabiano atagwada, mutu atautsamiritsa pabondo langa, akulira maliro anu amene anawasunga nthawi yonseyi. Ndinalira naye. Mlamu wanga anafika n'kuima pakhomo, kenako anakatitengera madzi osukusula.

Munkakonda kunena kuti wamisala anaona nkhondo. Chimene mwana wanuyu waona sindikuchidziwa, ndipo ndinalephera kumuuza kuti aphwasule. Tinangogwirizana kuti sabata yonse azikonza katundu wa anthu, makinawo aziwagwira Lamulungu akaweruka kutchalitchi. Mlamu wavomera, ngakhale chikwama chake chobwerera nacho ku Chiuta sanachimasule chonse. Fabiano akuti vuto linali batire, likufunika lamphamvu. Ine sindinatsutse.

Ndikukulonjezani kuti sindimutaya. Mwezi uliwonse ndizipita ku Ulongwe kukamuona, ndipo akandipempha ndizikhalapo pampandopo. Ngati tsiku lina makinawo adzamvera, mukadzaona nkhalamba ziwiri zaimvi zikuodira pakhomo panu, musadzafunse kuti ndani. Tidzakhala ifeyo, nthawi idzangokhala itatipulumuka panjira.

Ndine mwana wanu wokukondani ndi kukusowani,
Marita