Geti la Kumapeto kwa Ngalande

Hara, Chilumba
14 Meyi 2024

Okondedwa achemwali anga a Rukia,

Ndikhulupirira muli bwino pamodzi ndi alamu ndi ana ku Mangochiko. Kuno tadzuka, ndingoti choncho. Mudabwa kulandira kalata pamene foni ndili nayo, koma nkhaniyi ndikaiyamba pakamwa ndimathera kunena kuti tili bwino, ndiye ndapatsira a Yasini oyendetsa lole ya mpunga.

Mukukumbuka kuti zaka ziwiri zapitazo, amuna anga a Ambokile atafa ziwalo, achipatala anati tingopita nawo kunyumba. Inu munati ndi mphamvu ya Mulungu kuti adakali moyo, ine nkuvomera. Ndinakubisirani, achemwali.

Kumapeto kwa ngalande yothirira mpunga wathu kuli kageti kachitsulo komwe ngakhale a komiti ya madzi sadziwa ntchito yake. Tsiku lina ndikuchapa zofunda za odwala pamenepo ndinakakweza pang'ono, mwachidwi chabe. Madzi sanatuluke. Koma tsikulo linatalika, ndinamaliza ntchito zonse dzuwa lili pamutu, ndipo kunyumba ndinapeza a Ambokile akupuma bwino. Kuyambira apo m'mawa uliwonse ndinkakweza getilo zala ziwiri. Sanachire, komanso sanapite.

Lachitatu lapitali ndinaitanidwa kukhoti. Si la kuboma ayi. Ili limakumana masana m'shedi yakale ya mpunga, ndipo limangozenga milandu ya nthawi. Oweruza anali atatu: mmodzi wonga ife, wina wamtali mpaka kuweramira denga, wachitatu ndinangomva mawu ake kuchokera pampando wopanda munthu. Anandifotokozera mofatsa kuti maiko ndi ambiri, ondondozana ngati minda ya pasikimu yathu ya mpunga, ndipo nthawi imayenda m'ngalande imodzi. Mphamvu yake ndiyo imakhwimitsa mpunga, kukulitsa ana ndi kukalambitsa ife. Wakumtunda akapatutsa, wakumunsi amauma. Apo sindinafune mphunzitsi, poti ndakangana ndi a Khumbize, eni munda wakumtunda kwathu, zaka khumi chifukwa cha madzi.

Kenaka analowa wodandaula, mayi wa dziko lakumunsi kwathu, akukoka miyendo yotupa. Anali ndi pakati.

"Mimba iyi yatha zaka ziwiri," anatero. "Mwana amagunda, koma masiku oti akhwime satifika. Sindikufuna kuti mumlange. Ndikungofuna nditagonako chafufumimba."

Achemwali, ine amene ndinafunafuna mwana mpaka kusiya, ndinalephera kumuyang'ana kumaso. Ndinapempha kuti atenge masiku anga, a Ambokile awasiye. Wamtali uja anapukusa mutu.

"Madzi olowa kale m'munda sabwerera m'ngalande, mayi. Masiku anu ndi anu."

Mawu a pampando paja anawonjeza kuti iwo satseka geti mokakamiza, wotsegula ndiye amatseka. Anandiuzanso kuti tsiku limene ndinatsegula, a Ambokile anali atatsala ndi masiku asanu ndi anayi, ndipo masikuwo akuwadikirabe.

Ndinayenda masiku anayi ndi nkhaniyi pamtima. Lamulungu ndikuwamwetsa phala ndinawauza zonse. Mukudziwa kuti pano amalankhula mokoka.

"Ndinkadziwa, mayi," anatero. "Masana a m'nyumba muno sankatha. Ndinkangoopa kukukhumudwitsani."

"Nanga nditani, bambo?"

"Denga ili ndaliyang'ana mokwanira. Nanunso mwatopa, msana wanu ndimaumva mukamanditembenuza. Katsekeni, mwana wa eni abadwe."

Tsopano nachi chimene ndalembera kalatayi, ndipo amayi musawauze. Ndinalira, inde, koma pansi pa kulirako mtima unapepuka, ndipo ndili ndi manyazi. Zaka ziwiri, tsiku lililonse lotalika kuposa la anzanga, kutembenuza, kusambitsa, kuchapa, kenaka kumunda. Ndimawakonda bambowa, achemwali, komanso ndatopa mpaka m'mafupa. Ndinkati zinthu ziwirizi sizingakhale mwa munthu mmodzi.

Dzulo m'mawa ndinakatseka getilo. Linachita dzimbiri, ndinachita kulimenya ndi mwala. Lero podutsa pamenepo ndamva nthungululu chapansipansi, ndi kulira kwa khanda. Ndinakhala pamphepete pa ngalande kanthawi, kenaka ndinakumbukira kuti phala lili pamoto.

Chonde bwerani. Ndikudziwa kuti tsiku la ukwati wanga munalumbira kuti simudzaponda pakhomo pa Mkhristu, koma tonse tamera imvi, ndipo mkeka wopempherera ndakuchapirani kale. Mpunga wacha, a Khumbize omwewo ndiwo akundidulira, onani zake.

Mundiperekere moni kwa amayi, alamu ndi ana onse. A Ambokile akana kuti ndilembe moni wawo. Akuti akufuna adzanene okha "ndaga", ndiye zikomo wakwawo, chifukwa munawapatsa mkazi ngakhale munapereka mokwiya. Atsala ndi masiku asanu ndi atatu. Lole itenga awiri, basi yanu awiri. Musadikire kuti muchape zovala.

Ndine mng'ono wanu,
Nafisa