Maluwa a Pakhoma la Amayi

12 Malichi

Okondedwa Achemwali,

Mipukutu ya pepala lamaluwa lomata pakhoma munatumiza ija inafika bwino. Ndinagwira ntchito monga munandipemphera, kuti chipinda cha amayi chiwale.

Si ntchito yamasewera, achemwali. Khoma la simenti silimva msanga. Ndinalipala ndi sandipepala mpaka zala kuchita matuza, n'kupukuta fumbi lonse, chifukwa pa fumbi pepala siligwira. Kenako ndimasenda kumsana kwake pang'onopang'ono, n'kumalisita ndi kansalu kuchokera pamwamba. Pomwe latupa ndimabaya ndi singano.

Vuto linali mng'alu uja wa pafupi ndi zenera, umene umalowetsa chinyontho. Ndinauza achimwene kuti tiyambe taitana mmisiri, apo ayi pepala lidzamatuka. Iwo anati ndingophimba, inu mwanena kuti zichitike mwachangu. Ine mbuzi, ndinatseka bwinobwino, osaoneka n'komwe. Ndinaphimbanso timizere tija ankalemba malemu bambo potiyeza msinkhu. Mtima unandipweteka, koma ndinati bola amayi asangalale.

Lachiwiri achimwene anabwera ndi bambo wina ndi mkazi wake, ati ndi anzawo akuntchito. Anzawo otani oyang'ana kudenga ndi kutsegula mipopi? Mayiyo anasisita khoma lija, n'kufunsa ngati nyumbayi ilibe ming'alu.

Achimwene anati, "Onani nokha. Eni ake tonse tinagwirizana, ngakhale mlongo wanga wamkulu ali kutaliyo. Tituluka mwezi wamawa."

Ndinangoti kukamwa yasa, tiyi ali m'manja.

Mwandigwiritsa fuwa lamoto, achemwali. Achimwene ndimawadziwa, sindinadabwe. Koma inu, amene munandibereka kumbuyo? Mukanandiuza, tikanakangana ngati anthu. M'malo mwake mwabwereka manja anga kuti abise chilema cha nyumba, amayi agulitsiridwe pogona. Zikundiwawa kwambiri, sindikubisirani.

Pepalalo layamba kale kumatuka m'munsi mwa zenera. Sindilimatanso.

Alamu ndi ana muwapatse moni. Amayi akukupatsani moni wambiri. M'mawa uliwonse amakhala pabedi n'kumasisita maluwawo, amvekere mwana wawo wamkulu sanawaiwale. Apemphanso kuti mukapeza mpata mutumize mpukutu wina wa pabalaza, akufuna alendo azidzaona chaka chamawa.

Sindinawauze kanthu. Muwaimbire nokha.

Ndine mng'ono wanu,
amene anamata