Lamulo ndinabweretsa ndine, Dona akuperekezedwa ndi wina

Aphungu,

Akuti ine sindidziwa malamulo. Ine? Munthu amene pamalo pathu potsukira magalimoto aliyense amanditchula kuti Loya? Sukulu ndinaithawa ndisanalione n'komwe geti la sekondale, zimenezo sindikana, koma mubweretse aliyense wa tayi pakhosi tidzatsutsane, adzabwerera kwawo tayiyo ili m'thumba. Ndiye musandiwerenge ngati munthu wolira ayi. Ndalemba kuti munene poyera kuti ndikulondola, anthu andisiye.

Nkhani yake ili chonchi. Timatsuka magalimoto kuseri kwa msika, pafupi ndi mpopi waukulu. Tilipo anyamata angapo, ndipo wamkulu wathu timawatchula a Tcheya, bambo a imvi amene anayamba ntchitoyi ine ndikadayamwa. Tsidya lina la msewu kuli saluni, ndipo mu saluniyo muli Dona wanga. Aphungu, mtsikana ameneyu akamaluka tsitsi, ngakhale wadazi amaima pakhomo n'kumadandaula. Tayenda pachibwenzi nthawi ndithu, kwawo amandidziwa, ndipo ndinali nditayamba kale kuwanong'oneza amalume anga za ukwati.

Ndiye kunabwera mnyamata watsopano. Wamtali, wofatsa, satukwana, sasuta, akamatsuka tayala amachita ngati akusambitsa khanda. Ine ndi amene ndinam'patsa dzina loti Abusa, ndipo linam'khala. Poyamba ndinkangowaseka. "Abusa, tapempherani mvula igwe mawa, matope achuluke, tidye bwino." Iwo n'kungomwetulira. Munthu woti ukamunyoza amamwetulira ndi woopsa, ndakuuzani.

Madzi akasiya ku saluni, Dona amadzatunga pampopi wathu. Ine ndimamuseketsa, ndi ntchito yanga imeneyo: "Dona, ndowa imeneyo ndi yolemera ngati chikondi changa, usamale khosi." Koma Abusa alibe nthabwala. Iwo ankangosiya galimoto ya kasitomala ili ndi sopo, kunyamula ndowa, kuwoloka nayo msewu, kukaikhazika mpaka m'kati. Lero, mawa, mkuja. Tsiku lina ndinamva Dona akuuza mnzake kuti, "Koma pali anyamata ena aulemu, sachita kupemphedwa." Tsiku limenelo galimoto imodzi ndinaitsuka kawiri osadziwa.

Nditamufunsa Dona za zimenezi, anati, "Ngati zikukupweteka, ndowayo uzinyamula ndiwe." Ine ndinati, "Ndine Loya ine, si bulu." Ndinaseka ndekha.

Mwayi unabwera wokha. Mnzathu wina anasiya galimoto zitseko zili pululu n'kupita kukagula fodya, foni ya kasitomala n'kusowa. Kasitomalayo anakuwa mpaka msika wonse unamva, tonse anatitchula akuba. A Tcheya anaitanitsa msonkhano, ndipo ine ndinaimirira. Ndinati, "Anthu amatipatsa makiyi m'manja chifukwa amatikhulupirira. Kuyambira lero, aliyense wosiya galimoto ya kasitomala asanaimalize achoke pano mwezi wathunthu." Onse m'manja phuphuphu. A Tcheya anafunsa kuti, "Nanga munthu akakhala ndi chifukwa chomveka?" Ine, maso ali pa Abusa, ndinati, "Palibe chifukwa. Kaya m'mimba, kaya maliro, kaya ndowa." Anaseka onse, manja m'mwamba, lamulo linadutsa. Abusa nawonso anakweza dzanja. Kuyambira pamenepo Dona ankasenza yekha ndowa yake, ine mtima uli m'malo.

Sabata yathayi masana, mawaya a chowumitsira tsitsi mu saluni anathetheka, nsalu ya pazenera n'kugwira moto. Dona anali yekha m'kati, ndipo poyesa kuzimitsa anapsa dzanja mpaka mkono. Abusa anaponya chinkhupule pansi, kudumpha msewu magalimoto akuliza mahutala, kuzimitsa motowo ndi thumba lonyowa, n'kum'tulutsa Dona atamunyamula. Atamunyamula, Aphungu! Pamaso pa msika wonse, mutu wa Dona uli pachifuwa pawo. Mwini wa galimoto imene ankatsukayo ndi amene anathamanga nawo kuchipatala, galimoto ili ndi thovu mpaka padenga.

Mawa lake ine ndinati lamulo ligwire ntchito. Anzanga anandiukira. Wina anati, "Loya, m'chifuwamo muli mtima kapena batire?" Ndinati, "Manja munakweza nokha, sindinakugwireni zigongono. Lero tikamusiya uyu chifukwa mumamukonda, mawa aliyense adzakhala ndi moto wake." Kenako a Tcheya anati, "Mwanayu ndi woipa, koma akunena zoona. Lamulo tinapanga tokha." Abusa sanatsutse. Anatsuka ndowa yawo, kuiika pafupi ndi khoma, n'kunena kuti, "Lamulolo ndinkalidziwa pomwe ndinkathamanga." Basi, n'kumapita. Ngakhale kunditukwana pang'ono pokha, ayi. Munthu wamtundu wanji ameneyu?

Tsopano onani mmene dziko lilili. Wophwanya lamulo ndi amene akumuimbira nyimbo. Amayi a pamsika akumupatsa zinthu zaulere, ine akundigulitsa atayang'ana kumbali. Dona akamapita kukasintha bandeji, womuperekeza ndi Abusa omwewo, poti nthawi ali nayo yambiri, tchuthi ndinawapatsa ndine! Nditapita kwawo kwa Dona ndi malalanje, mayi ake anandilandira pakhonde osandipatsa mpando. Ndinayesa nthabwala: "Dona, ndinkadziwa kuti ndiwe moto, koma osati mpaka chonchi." Anandiyang'ana n'kunena kuti, "Munthu wandichotsa m'moto, iwe n'kumuchotsa ntchito. Nyamula malalanje ako."

Loweruka kuli msonkhano wina. Anzanga akufuna Abusa abwerere mwakachetechete, lamulolo tingolitseka m'maso. A Tcheya akuti ayambe amva kwa ine mwini lamulo. Ndiye ndiuzeni, kodi kutsatira lamulo ndi tchimo? Ndipo Dona ndim'bweze bwanji munthu wamtaliyu asanamalize kundilanda?

Kanthu kamodzi kokha, poti nkhope yanga simuidziwa. Utsi uja woyamba kuuona ndinali ine. Ndinali pafupi ndi msewu kuposa Abusa, payipi ili m'manja. Mwendo unanyamuka ndithu, kenako ndinakumbukira kuti galimoto sindinaimalize, lamulo langa lomwe lindigwira, anthu adzandiseka mpaka chaka chamawa. Ndinati nditseke kaye zitseko, ndipereke makiyi kwa mwini wake. Pomwe ndinkatembenuka, munthu anali atawoloka kale. Palibe anaona. Pamenepo pokha, Aphungu, ndinaphonya.

L.K., kuseri kwa msika

Iwe Loya,

Wandiseketsa, ndipo ndikukhulupirira kuti pakamwa pako pamakudyetsa. Koma nthabwala tiike pambali pang'ono, poti funso lako waliyankha kale wekha kumapeto kwa kalata yako.

Ndiyambe ndi pomwe ukulondola, poti ndi zimene wadzera. Lamulo loti galimoto ya kasitomala isasiyidwe ndi labwino. Ukulondolanso kuti lamulo silisankha nkhope. Anzako akalitseka m'maso lero chifukwa amakonda Abusa, mawa adzalitseka m'maso chifukwa cha m'bale wa a Tcheya, ndipo foni ina idzasowa. Pamenepo ndili nawe.

Koma lamulo lako linali ndi thupi ndi mchira. Thupi linali loteteza makasitomala. Mchira uja woti "palibe chifukwa" sunali wa makasitomala ayi, unali wa ndowa. Unatchera munthu mmodzi msampha n'kuuveka malaya a lamulo. Ndipo woyamba kukodwa sanali Abusa. Unali iwe, payipi ili m'manja, chibwenzi chako chikupsa tsidya lina. Lamulo limene limagwira mwendo wa munthu pomwe mnzake ali m'moto laiwala ntchito imene linapangidwira. Taganiza za mwini galimoto uja. Iyeyo ndi amene lamulo linkamuteteza, koma kodi anadandaula? Anayendetsa ndi thovu lomwe.

Kutsatira lamulo si tchimo, mwana wanga. Tchimo ndi kubisa nsanje kuseri kwake.

Chita izi. Loweruka lisanafike, upite kwa Abusa wekha. Mwezi wopanda ntchito ndi njala panyumba pa munthu. Ukawapepese, ukawathokozenso, chifukwa dzanja limene ukufuna kudzaliveka mphete analipulumutsa ndi iwowo.

Pamsonkhanopo ukhale woyamba kuimirira. Usapemphe kuti lamulo litsekedwe m'maso. Upemphe kuti lisinthidwe poyera, manja m'mwamba, mmene linabwerera: wosiya galimoto chifukwa moyo wa munthu uli pangozi alibe mlandu, ndipo gulu lonse ndi limene lizimva nkhani yake, kaya ndi ndani. Kenako gulu likweze manja kuti Abusa abwerere. Mukatero lamulo lidzakhala lamphamvu kuposa kale, chifukwa anthu adzalilemekeza m'malo moliopa. Uwauzenso anzako chimene unaikira mchira uja. Adzakuseka, inde. Iwe waseka anthu ambiri, yakwana nthawi yoti ulaweko.

Za Dona, palibe paliponse m'kalata yako pomwe wandionetsa kuti anakuzembera. Ndaona ndowa, ndaona moto, ndaona bandeji. Zina zonsezo yajambula ndi nsanje yako. Upite kwawo wopanda malalanje, wopanda nthabwala, ukamuuze zimene wandiuza ine kumapetoku. Inde, za payipi. Ukuti palibe anaona, koma iwe unaona, ndipo uzidzazikumbukira nthawi iliyonse ukayang'ana chipsera pamkono wake. Ukwati sumangidwa pamwamba pa chinthu chotere.

Chenjezo langa ndi ili: zonsezi usazichite ngati nyambo yogwirira Dona, adzakuzindikira usanamalize kulankhula. Atha kukukhululukira, athanso kukana. Atha kusankha munthu wamtaliyo, ndipo palibe msonkhano umene ungaitanitse kuti umuletse. Ukayamba kumulondalonda kapena kuwaopseza Abusa, udzakumana ndi malamulo enieni ndi maloya enieni, a tayi aja.

Pakadali pano dzanja lake silingakweze ndowa, ndipo madzi ku saluni adzasiyanso. Akakulola, ukainyamule ndiwe. Umalize kaye galimoto ya kasitomala, kenako uwoloke msewu. Koma ukadzaonanso utsi, payipi uponye pansi.

Aphungu