Chingwe Chimene Sindinamasule

Tuban,
Tsiku la 9, mwezi wa Kartika,
Chaka cha Saka 1337.

Okondedwa achimwene a Wiryana,

Ndikhulupirira muli bwino ku Malaka pamodzi ndi alamu. Kalatayi ndapatsira chombo chomaliza cha mphepo ya kum'mawa, ndipo ikapanda kukupezani, ina ndi chaka chamawa. Mukhululuke zilembo zopindikazi, paja Bambo anandiphunzitsa miyezi isanu yokha.

Bambo maso anatheratu, tsopano mutu nawo wayamba kutha. Munthu woyenda panyanja zaka 31, wofika madoko 44, dzana analephera kupeza khomo la nyumba yake. Kudoko amangowaseka. Nyai Rukmi, mayi wogulitsa nsomba uja, amakuwa kuti, "Agogo, mbuzi yanu ya ku Kilwa ija, ya khosi ngati mtengo wa kokonati, mwaimwetsa lero?" Iwo amayankha mofatsa, "Seka, mwana iwe. Zonse zili pamasamba. Akabwera Wiryana adzakuwerengera, udzasowa poika nkhope."

Za masambawo ndi zimene ndikulemberani, mitolo 17 ya mgwalangwa imene analembapo njira zawo zonse. Mwambo mukuudziwa: kamodzi pachaka mitolo imamasulidwa, masamba n'kupakidwa mafuta, ndipo womasula chingwe ndi mwana wamwamuna yekha. Inu munachoka zaka 6 zapitazo. Chaka chilichonse ndinkaika maluwa pabokosi la mitoloyo, osalitsegula. Pa 3 mwezi watha ndinaona kafumbi koyera pansi pake, ndiye ndinatsegula. Achimwene, anankafumbwe anadya. Masamba otheka kuwerenga atsala 11. Zingwe zokha n'zamphumphu, mfundo zili monga anamangira Bambo.

Sindinawauze. Patapita masiku anayi anandiitana, amvekere, "Ratri, mlongo wako akuchedwa. Mwambo usiye, masula undiwerengere. Madoko akundithawa." Mawu amenewo akanabwera zaka 5 zapitazo!

Ndinathyola masamba ouma kuseri, n'kumawatembenuza kuti amve phokoso lake, kwinaku ndikunena zimene ndinkamva ndili mwana. Tsiku lachitatu ndinati ananyamuka ku Kalikuti m'mwezi wa Asada. Anamenya mkeka. "Iwe, ndani amachoka ku Kalikuti mwezi wa namondwe umenewo? Ukufuna kundimiza? Werenga bwino!" Ndinati ndi mmene palembedwera. Kenako anati, "Ndiye kuti mwina sindinapiteko. Mwina Rukmi akunena zoona."

Ndine ndinawachititsa zimenezo. Dzulo ndinalakwitsanso kawiri, koma sanandidzudzule.

Sindikupempha nsalu kapena tsabola. Inu munayenda nawo zaka 8, madoko 19 ali m'mutu mwanu. Mphepo ya kumadzulo iyamba pakatha masiku 50. Bwerani nayo, mudzakhale pamkeka, mudzawauze kuti nyama ya ku Kilwa ija munaiona ndi maso anu. Ine ndidzalemba, ngakhale mopindika. Madoko 25 otsalawo sindikudziwa amene angatibwezere.

Mupereke moni kwa alamu ndi kwa mwana wanu amene sitinamuone. Maluwa pabokosi ndikuikabe, kuti oyandikana nafe asadabwe. Ndikanakonda kulemba kuti Bambo akupereka moni. Lero m'mawa ndinawauza kuti ndikulembera Wiryana. Anamwetulira, n'kufunsa kuti, "Wiryana? Doko limenelo lili mbali iti, mwana wanga?"

Ndine mlongo wanu,
Ratri