Pepala la apilo ndi apongozi a Dudley

Lolemba, 3 Malichi
Loya wathu, bambo Tari, aimba foni kuchokera ku Santo, kumene kuli khoti. Akuti mbali inayo yapempha khoti litaye apilo yathu ya munda wa kokonati, ati mayi Rosina, amene tikulimbirana nawo mundawo, sanalandire pepala la apilo. Sanalandire bwanji? Ndinatuma mlongo wanga Dudley mu Januwale, mawu a loya ndinamuuza kawiri: m'manja mwawo, tsiku lomaliza lisanadutse. Apilo ikagwa munda wapita, ndipo manda a amayi ali momwemo.

Lachiwiri, 4
Ndamufunsa. "Ndinakasiya, achemwali." Maso ali pa ukonde. Sanandiyang'ane ngakhale kamodzi.

Lachisanu, 7
Injini yatsopano pa boti la Dudley. Akuti ndi ya mishoni, amubwereka. Kaya. Mkazi wake Melin ndi mwana wa R., mayi Rosina omwewo, zimenezo sindinaiwale. Lero Melinyo wandibweretsera laplap, chinangwa chogaya chophika m'masamba, mano onse pamtunda. Chiyambire liti? Ndapatsa nkhumba.

Lamlungu, 9
Potuluka m'tchalitchi wina kumbuyo kwanga: "Anatuma mkamwini? Hede!" Ndacheuka, onse ali busy ndi mabuku a nyimbo. Mtima ukundiwawa. Mwana amene ndinamubereka kumbuyo andigulitse ndi injini?

Lachitatu, 19, Santo
Khoti. Dudley wagwira Baibulo, woweruza amufunsa ngati anapereka m'manja.
"Ayi bwana. Aja ndi apongozi anga. Kwathu ku Vanua Lava sindingawayandikire, dzina lawo lomwe sinditchula. Ndinaika pamwala wa pakhomo pawo, n'kutsindira ndi kokonati, n'kukhosomola kuti amve."
Tsiku limenelo kunagwa chimvula. R. akuti anangoona kokonati. Bodza kapena zoona, angadziwe ndani?
Woweruza ati mwambo amaulemekeza, koma pepala silinafike m'manja, kalata yolumbira yakuti pepalalo linafika sitinapereke, masiku anatha. Apilo yatayidwa. Za malire a munda sanazitsegule n'komwe. Mapu a agogo ndabwerera nawo osawatulutsa m'chikwama.

Lachisanu, 21, m'sitima
Ndakhala kutali ndi Dudley. Masana wabwera yekha.
"Achemwali, mumadziwa kuti ndi apongozi anga. Munanditumiranji ineyo?"
Ndinamutuma chifukwa ndinalumbira pamaso pa anthu kuti phazi langa silidzapondanso pakhomo pa R. Kuchoka kwanga kukafika kumeneko ndi mphindi zisanu.
Za injini sindinasiyebe kukayika.

Lolemba, 24
Ndalawira kumanda a amayi ndi maluwa. Panjira yolowera m'munda ana a R. azika kale masamba a mtengo wa namele opingasa, chizindikiro chakuti osalowa munthu. Ndaima pomwepo.
Dudley anali atafika kale, chikwanje chosesera manda chili m'manja, nayenso wangoima.
"Mukapemphe ndinu," akutero. "Ine sindingathe."
Maluwa ndamupatsa agwire. Ndikupita kwa mayi Rosina.