Manati a Tayala Lakutsogolo

Lachiwiri, 4 Malichi
…ndiye ndangomaliza kumanga injini yonse, pisitoni ndi pisitoni, kamunthu kanga mugemumo kagwa n'kufa. Ati ludzu! Gemu yanji yoti umange galimoto kuyambira pa bawuti, uzikumbukiranso kumwa madzi, kudya, ngakhale kukodza? Ukafa zonse zimafufutika. Ine makaniko woti ndikangotsokomola injini imalira yokha! Alamu, eni kompyutayi, anyamuka nayo Lamlungu. Ndawalumbirira kuti isanapite galimotoyi iyenda.

Lachitatu, 5 Malichi
Kugalaja payipi ikamadontha timamanga ndi mphira, yatha. Muno ayi, chilichonse ndi sipanala yakeyake. Mwano! Komatu bawuti ikalowa bwinobwino mtima umachita myaa. Abwana amangondituma zosintha oyilo, injini yathunthu sanandipatsepo. Muno ndi yanga ndekha.

Lachisanu, 7 Malichi
YALIRA! Ndinakuwa mpaka agalu a m'tauni monse anayankha. Mayi a mwana akuti, "Bambo, nanga chitseko cha kubafa chija chilira liti?" Nsanje basi.

Loweruka, 8 Malichi
Makaniko aliyense amadziwa: manati a tayala umayamba wamanga ndi zala, ukatsitsa jeke m'pamene umalimbitsa. Ndangotsitsa jeke, mayi a mwana andiitana kuti ndikaone chitseko chija. Pobwera ndangokwera, moto! Liwiro la ndege pamsewu waukulu, ndikuona tayala lakutsogolo likundipitirira ngati lili ndi ulendo wakewake. Mtengo uwo. Kufa. Zonse zapita.

Alamu aseka mpaka misozi. "Amakaniko, makasitomala anu alipo amoyo?" Wopanga gemu imeneyi ndikadzamuona adzadya jeke.

Lamlungu, 9 Malichi
Chabwino, za msewu waukulu zija ndinawonjezera. Ndinafera pageti, m'giya yoyamba.

Alamu abwera ndi chikwama kudzalongedza kompyuta, andipeza ndayambiranso, chigoba cha galimoto chili mbee. Aima, ayang'ana. "Tasunthani ndikuonetseni kamangidwe kake." Munthu woti ngakhale tcheni cha njinga sadziwa kubwezera!

Basi yam'mawa yawasiya. Yamasana yawasiyanso. Pano avula nsapato, akutukwana giyabokosi ngati yawalanda mkazi. Ati anyamuka sabata yamawa, kompyuta ikhale kaye. Koma pampando wanga sakuchokapo.

"Alamu, nanga ine ndisewera liti?"

"Dikirani kaye, bawuti imodzi yokha."